Ulemu Upite kwa Anyamata a Cumberland, Ogonja 222-0

Pa Kalomwe, pamene msewu wochokera ku Ulongwe umafika pa chipata cholowera ku Dedza, nkhani ya mpira imayenda m'ndalama ziwiri. Wosintha metikali ndi kwacha amayamba ndi Bullets ndi Wanderers, n'kumalizira pa União Desportiva do Songo, imene inabweretsa chikho cha Moçambola m'chigawo cha Tete mu 2017, 2018 ndi 2022. Onsewa ndi opambana, ndipo owayimbira nyimbo ali nawo kale. Yosowa woiyamika ndi timu ina ija, yodziwika pa bwalo lililonse la sukulu ku Angónia: yobwera pa lole ya mbatata, jezi zosiyana mitundu, goloboyi wobwereka, n'kubwerera kwawo itasenza zigoli 9. Matimu otere ali ndi kholo lawo. Dzina lake ndi Cumberland, koleji yaing'ono ya m'tauni ya Lebanon, ku Tennessee, m'dziko la America.

Mpira wa kumeneko si wathu uno. Ndi wosongoka uku ndi uku, munthu amaukumbatira n'kuthamanga nawo, adani akumugwetsa pansi. Akaufikitsa kuseri kwa mzere wa adaniwo ndiye touchdown, mapointi 6, ndipo akaumenya bwino pakati pa mitengo amawonjezera 1. Masamu amenewa afunika posachedwa.

Cumberland sinabadwe yofooka. Koleji inatsegulidwa mu 1842, mpira inayamba mu 1894, ndipo mu 1903 inali yoopedwa kum'mwera konse kwa America. Chaka chimenecho inakwapula Vanderbilt 6-0, n'kufanana mphamvu 11-11 ndi Clemson, imene mphunzitsi wake anali John Heisman. Pa sukulu ya zamalamulo ya Cumberland panaphunzira Cordell Hull, amene anadzalandira mphoto ya mtendere ya Nobel mu 1945. Ndani lero amatchula zimenezi? Palibe. Ulemerero weniweni unabwera pamene timu inali itafa.

Pofika 1916 akuluakulu a kolejiyo anali atathetsa mpira. Koma pangano lokasewera ndi Georgia Tech ku Atlanta linali losainidwa kale, ndipo mphunzitsi wa Tech anali Heisman yemwe uja. Iye anali ndi mangawa awiri. Oyamba anali a baseball: Cumberland inali itachititsa manyazi timu yake 22-0, ndipo mphekesera inali yoti inabwereka akatswiri olipidwa n'kuwaveka jezi za ophunzira (chinyengo chimene aliyense woonera chikho cha m'mudzi amachidziwa, akaona "mwana wa sukulu" wandevu). Achiwiri anali ndi atolankhani, amene ankayesa mphamvu za matimu pongowerenga mapointi. Heisman anafuna kuwaonetsa kuti kuunjika mapointi pa timu yofooka ndi kosavuta. Choncho anakana kufafaniza masewerowo. Cumberland ikapanda kubwera ilipira madola 3,000. Ikabwera ilandira madola 500 ndi ndalama za ulendo.

Apa ndi pamene ngwazi yathu inatulukira. George Allen, wophunzira amene ankayendetsa zamasewero, anazungulira pa kolejipo kutolera anzake, ambiri mwa iwo ophunzira malamulo, ena osadziwa n'komwe poima m'bwalo. Anakwera nawo sitima. Pa 7 Okutobala 1916 analowa m'bwalo la Grant Field.

Gawo loyamba mwa magawo anayi linatha 63-0. Lachiwiri linawonjezera 63 wina, ngati kuti anachita kuyeza pa sikelo, ndipo anakapuma pa 126-0. Amati pa nthawi yopumayo Heisman, nkhope ili gwa, anachenjeza anyamata ake kuti asatayirire chifukwa a Cumberland mwina abisa njomba ina. Amatinso anagawa osewera ake m'magulu awiri, n'kulonjeza nyama yowotcha kwa gulu logoletsa kwambiri. Magawo awiri otsalawo anawafupikitsa kuchoka pa mphindi 15 kufika pa 12, koma chifundocho sichinathandize kwenikweni. Tech inafika kuseri kwa mzere maulendo 32, inamenya pakati pa mitengo maulendo 30, ndipo sinavutike kuponyera mpira kutsogolo ngakhale kamodzi. Zonse pamodzi 222. Cumberland 0.

Tsono taonani ukoma wa ogonjawa. Dyera analibe: mpira anaupereka kwa adani maulendo 15, pena wapulumuka m'manja, pena wauponyera mdani pachifuwa penipeni. Ulemu pa katundu wa mwini anali nawo: nthano ya tsikulo imati mmodzi atagwetsa mpira anakuwira mnzake kuti autole, mnzakeyo n'kuyankha kuti wougwetsa ndiye autole yekha. Ameneyu analidi loya wam'tsogolo, wodziwa kuti mlandu sugawana. Masamu ankawadziwanso kuposa Heisman. Kukana kubwera kukanadya madola 3,000 a koleji yosauka kale. Kubwera kunabweretsa 500. Ndi timu iti ya akatswiri imene inapindulitsapo sukulu yake chonchi madzulo amodzi, popanda kugoletsa?

Chachikulu n'chakuti anakhalabe m'bwalo mpaka wezulo womaliza. Ochemerera a ku Kalomwe ndi ku Dedza akudziwa zimene matimu ena amachita zigoli zikafika 5: kaputeni amayamba kukangana ndi oyimbira, wina amanyamula mpira poti ndi wake, ena amaloza mitambo kuti kukubwera mvula. A Cumberland anadzuka, anasasa fumbi, n'kubwerera pa mzere maulendo 32.

Wina angatsutse kuti ku Madagascar kunachitika zoposa apa. Pa 31 Okutobala 2002, AS Adema inapambana 149-0 pa SO l'Emyrne, ndipo zimenezo zinali zigoli zenizeni, chimodzichimodzi. Inde, koma a l'Emyrne ankadzichinya okha dala, pokwiya ndi oyimbira. Kumeneko ndi kunyanyala, si kugonja. A Cumberland sanafune thandizo la mkwiyo. Ankayesetsa ndi mtima wonse, ndipo 222 uja anamupeza mwachilungamo.

Heisman anapindula zake. Tech inakhala akatswiri a dziko lonse mu 1917, ndipo kuyambira 1936 mphoto ya wosewera wopambana m'makoleji a ku America imadziwika ndi dzina lake. Koma pafupifupi chaka chilichonse mphotoyo imapita kwa munthu wina, pamene mbiri ya Cumberland yakhala zaka zoposa 100 popanda woilanda. Kolejiyo inabwezeretsa mpira mu 1990 ndipo ikusewerabe, tsopano m'dzina la Phoenix. Imapambana masewero ena, zimene n'zomvetsa chisoni pang'ono kwa okonda mbiri.

Nanga George Allen? Anamaliza maphunziro a zamalamulo, anapita ku Washington, n'kukhala bwenzi ndi mlangizi wa atsogoleri a dziko la America, Harry Truman ndi Dwight Eisenhower. Atsogoleri awiriwo anali a zipani zodana, koma onse ankamumvera. Sizodabwitsa: ameneyu ndi munthu amene anakopa anzake a m'kalasi kuti akwere sitima yopita ku Atlanta, Heisman akuwadikira.