Makina Ogwira Bodza

Makinawo ndinagula pafupi ndi Park Station ku Joni, kwa mkulu wina wakwathu amene amagulitsa maloko ndi zingwe za foni pakatebulo. Kanali kabokosi kachitsulo kokhala ndi singano kuseri kwa galasi, pambali atamangirirapo wotchi yapakhoma ndi belu la njinga. Anati poyamba kankayeza kugwedezeka kwa nthaka kumigodi, iye n'kukakonza kuti kaziyeza nkhani za anthu.

"Achimwene, nkhani yoona imakhazikika, yabodza imanjenjemera, ndiye singanoyi imaimva. Munthu akasuntha tsiku limene analonjeza, muvi wa wotchi umabwerera m'mbuyo."

Musandiseke msanga. Joni ndi mzinda wokhala pamphako. Chipezekereni golide mu 1886 anthu akhala akukumba pansi pake, ndipo agogo anga amene anabwera kuno ndi Wenela ankati nthaka ya kuno imatsokomola usiku. Ngati pali makina omva chifuwa cha nthaka, angalephere bwanji kumva cha munthu? Ndinatulutsa 350 randi, ndalama ya malata.

Amene ndinkafuna kugwira ndi alamu anga a ku Mayfair. Anandikongola ndalama, ndipo Lachisanu lawo lobweza linkangoyenda osafika. Ndinabisa kabokosiko pansi pa tebulo, iwo n'kuyamba: bwana wapita ku Durban, banki yatseka, Lachisanu likubwerali zitheka. Singano ili duu! Ine pofuna kuoneka munthu ndinati, "Palibe vuto alamu, ine ndalama sindikuisowa." Belu lija ngrii! Mwina ndinaligunda ndi bondo, koma tonse tinangoyang'anana.

Apa wanzeru akanakataya. Ine ndinakaika pamutu pa bedi.

Akazi anga kumudzi ku Mulanje ankadziwa kuti ndimagwira ntchito mu ofesi. Zoona zake n'zakuti ndimatsuka magalimoto ku Fordsburg, ndipo galimoto yofiira imene ndinajambulitsa nditatsamira ndi ya kasitomala. Za kubwera kwanga ndinkati Disembala. Mu 2020 malire anatsekedwadi chifukwa cha Covid, koma chifukwa chimenechi ndinachivala ngati jekete la kaunjika mpaka chinang'ambika m'zigongono. Ndikanakhala ku London bwenzi ndikunamizira kusiyana kwa nthawi, koma wotchi ya Joni ndi ya Blantyre zimayenda pamodzi.

Usiku wa Loweruka, kucha kwake Lamlungu pa 11 Juni 2023, kunkazizira koopsa. Nthawi itapitirira 2 koloko foni inalira. Anali akazi anga, tulo tawathawa chifukwa cha denga lodontha limene mvula ikubwerayo idzalipeze chimodzimodzi.

"Inu bambo, ndalama ya malata ija ili kuti? Nanga mubwera liti?"

"Mayi, ndalama ilipo. Disembala ndili panjira. Ngati ndikunama, nthaka ino igwedezeke!"

Inagwedezeka. Mawindo anachita phokoso, mapoto anagwa pashelefu, agalu a m'dera lonse anayamba kuuwa. Singano ija inkavina uku ndi uku, belu likulira lokha, wotchi inagwa chafufumimba. Ndinagwada pasimenti pozizira, foni ili kukhutu, n'kuyamba kuulula. Ndinaulula za magalimoto, za chithunzi, za 350 randi, ndi zotsala zimene ndinabetcha pa mpira. Ndinaululanso zina zimene sanandifunse, za mu 2021, zomwe ngakhale pano sindizilemba. Kugwedezekako kunatha m'kamphindi, koma pakamwa panga panapitirira mpaka mayunitsi awo anatha.

Kutacha wailesi inati chinali chivomerezi, chinayambira cha ku Boksburg, dera la migodi yakale, ndipo anachimva anthu ambiri m'Gauteng. A Council for Geoscience anati mphamvu yake inali 4.4, a ku America anati 5.0. Ngakhale makina a anthu ophunzira sagwirizana pa nkhani imodzi, koma palibe mwa iwo anagwada pasimenti.

Ndinatsegula kabokosi kaja ndi mpeni. M'kati munali waya woduka, mphemvu yakufa, ndi malo a batire opanda batire. Ndinabwerera kwa mkulu uja kuti andibwezere ndalama. Anamvetsera nkhani yonse mofatsa, kenako anandifunsa ngati ndinanama usikuwo. Ndinavomera. Anafunsa ngati belu linalira. Ndinavomeranso.

"Ndiye chavuta n'chiyani, achimwene?"

Panopa malipiro anga amalandira ndi alamu anga omwe aja, molamulidwa ndi mlongo wawo, n'kumatumiza okha kumudzi. Ngongole yawo palibe amene akuitchulanso. Sabata yatha akazi anga anati ndiwatumizire makinawo pabasi yodzera ku Tete ndi Mwanza, akufuna aziwaika pafupi ndi foni ndikamaimba. Ndinawauza kuti ndi chitsulo chabe, mulibe kanthu.

"Inu tumizani," anatero. "Wonyamula mulipire komweko."