Ulemu upite kwa mwini rimoti

Anthu a m'tauni akamakamba za akatswiri otsogolera mafilimu m'Malawi muno amathamangira kutchula a Shemu Joyah ndi mayi Joyce Mhango Chavula. Sindikutsutsa. Koma atati akwere kabaza pa Luchenza n'kukatsikira pamsika wa Khonjeni, angapeze wowaposa onsewo: mnyamata wa pa vidiyo sho, wokhala pakhomo la chisakasa, rimoti yomanga ndi mphira kudzanja lamanja, chenji kumanzere.

Tiyeni tiyerekeze ntchito. A Joyah, omwe anaphunzira zoyeza malo, anatulutsa Seasons of a Life mu 2008, The Last Fishing Boat mu 2012, kenako The Road to Sunrise mu 2017. Zaka zonsezo, mafilimu atatu! Wathuyu atatu amawamaliza nsima yamasana isanapse. Chiwetel Ejiofor anachita kubwera ndi chinamtindi cha anthu ndi makamera kudzajambula nkhani ya William Kamkwamba ku Wimbe, filimu n'kutuluka mu 2019. Wathuyu kamera sanaigwirepo, koma Jet Li amamumvera. Akangodina batani, Jet Li amauma m'malere, mwendo uli m'mwamba, kudikira kuti kamwana kamene kalowera pansi pa chiguduli osalipira kayambe katulutsidwa.

Anthu ake amawadziwanso bwino. Munthu walawira mbandakucha ku esiteti, watchola tiyi tsiku lonse dengu lili kumsana, wakangana ndi kapitawo pasikelo, ndiye madzulo alipire kuti aziwonera anthu akucheza pabalaza? Ayi ndithu. Zokambirana zonse mnyamatayu amazithamangitsa mpaka afike pandewu. Theche likakoma, benchi lonse limakuwa, "Bwezani, achimwene!" ndipo amabwezadi. Ndi ndani ku Hollywood anamulolapo Rambo kupha munthu mmodzimmodziyo katatu?

Nkhani ya chilankhulo anaithetsa kalekale, mothandizana ndi ma DJ omasulira mafilimu m'Chichewa. Pa Khonjeni nkhalamba ya ku China yandevu zoyera imalankhula Chichewa cha ku Ndirande, n'kumadandaula za mtengo wa feteleza. Ena amati zimene akunena DJ n'zosiyana ndi zimene analemba eni filimu. Eni filimuwo adzafike adzatiuze okha.

Boma linachita kukhazikitsa lamulo mu 1968, n'kusankha bungwe lathunthu loti lizidula zolaula m'mafilimu. Apa ntchito yonseyo mnyamatayu amaigwira ndi chala chachikulu chimodzi, ndipo chimafulumira kwambiri abusa kapena amfumu akamadutsa pamsewu. Akapita, chalacho chimapuma. Aphunzitsi amadandaula kuti ana amathera m'chisakasamo ali mu yunifolomu, koma ndikuganiza kuti ndi nsanje chabe. Iwo ali ndi belu, phala ndi chikwapu, ana n'kumajombabe. Uyu ali ndi sipika yong'ambika yokha, koma kalasi yake imadzaza, opanda wochedwa.

Tifike pandalama, pamene pagona ukulu wake weniweni. Filimu ya mayi Chavula yotchedwa Lilongwe inapata mphoto ku Lagos mu 2016, dziko lonse linaomba m'manja. Koma m'manja sagulira petulo. Wopanga filimu amakongola ndalama, amalipira ochita sewero, amadyetsa gulu lonse, ndipo sabata isanathe ntchito yake ili kale pa fulashi kwa anyamata owotcha nyimbo, pamtengo wa mandasi. Bungwe la COSOMA lakhala likuteteza eni luso kuyambira 1992, koma chisakasachi sichinasowepo filimu yatsopano. Pa onse okhudzidwa ndi mafilimu m'dziko muno, mwini rimoti ndiye amawerenga phindu usiku uliwonse.

Ngakhale mathero a nkhani amalemba yekha. Magetsi akazima ekita atazingidwa ndi zigawenga, jenereta n'kukana kulira, iye satekeseka. Amaimirira pakhomo, thumba la chenji ataligwiritsa, n'kulengeza: "Ekita safa, mukudziwa kale. Ndalama sitibweza. Mawa mulipiranso."