Mowa, Chikopa ndi Tsache: Makhalidwe a m'Tauni pa Kujambulidwa kwa Mad Max

Filimu yodziimira payokha, malinga ndi mmene akatswiri a kanema amaitanthauzira, ndi filimu imene imapangidwa popanda thandizo la makampani akuluakulu, koma tanthauzo limeneli, ngakhale lili lolondola, limabisa mfundo yakuti filimu yotere siima payokha ngakhale tsiku limodzi, chifukwa imatsamira pa achibale, pa anzawo a kusukulu, pa makaniki wa pagaraja, ndi pa munthu aliyense amene analakwitsa n'kuimika galimoto yake poonekera. Chitsanzo choyenera kuchisanthula ndi Mad Max, filimu imene George Miller ndi Byron Kennedy anajambula kumapeto kwa 1977 m'madera ozungulira mzinda wa Melbourne ku Australia, n'kuitulutsa mu 1979, pa ndalama zosapitirira madola 400,000 a dzikolo. Nkhani yake ndi ya wapolisi wa pamsewu dzina lake Max amene, atatopa ndi gulu la achifwamba a njinga zamoto, anatenga mkazi wake ndi mwana kuti akapitidwe mphepo pa ulendo wa galimoto, ulendowo n'kuthera m'maliro ndi kubwezera. Kapangidwe kake, komabe, ndi nkhani ya makhalidwe amene anthu a m'tauni amakhalira moyo ndalama zikasowa koma ulemu ukufunikabe.

Gwero lenileni la nkhaniyi linali mzere wa mafuta. James McCausland, mtolankhani amene analemba nkhaniyi limodzi ndi Miller, anatengera zimene anaona pa vuto la mafuta la 1973, pamene oyendetsa galimoto anandanda pa malo omwetsera petulo ndipo aliyense wofuna kudumpha mzere ankakumana ndi zibakera. Mzere wa mafuta, kulikonse kumene ungapezeke, ndi malo okhawo amene munthu wophunzira amavula maphunziro ake pagulu popanda manyazi. Muli munthu wosungira malo anzake atatu amene sanadzukebe, muli wodziwana ndi wothira mafuta amene amayamba kumutchula kuti bwana ngakhale dzulo sanamupatse moni, komanso muli katswiri wa mphekesera amene nthawi zonse amakhala kuti wangolankhula kumene ndi dalaivala wa thanki. Olemba awiriwa sanafunikire kupeka dziko loopsa lam'tsogolo, iwo anangotenga mzere umenewu, n'kuchotsamo apolisi okwanira, n'kuwapatsa anthu ake mawilo.

Ndalama zina za filimuyi zinachokera ku matenda. Miller anali dokotala, ndipo iye ndi Kennedy ankayendera odwala mwadzidzidzi m'makomo, wina akugwira chiwongolero, wina akugwira odwala, zimene apezazo n'kuzisunga kuti zikagule galimoto zoti zikaphwanyidwe. Tauni iliyonse ili ndi kalankhulidwe kamene imasungira dokotala wosiya chipatala n'kupita kukajambula zithunzi, ndipo kalankhulidweko kamakhala kaulemu, kamanenedwa motsitsa mawu, ndipo kamathera pa kupepesa makolo ake.

Pa nkhani ya malipiro, filimuyi inatsata dongosolo lakale kwambiri kuposa banki, lomwe ndi lolipira ganyu ndi chinthu chomwa. Ambiri mwa okwera njinga amene amaoneka kumbuyo kwa osewera enieni anali a kalabu ya njinga zamoto yotchedwa Vigilanties, ndipo ena mwa othandiza pa ntchitoyi analandira mowa m'malo mwa ndalama. Ubwino wa mowa monga malipiro ndi wakuti wolandirayo amaumaliza usiku womwewo, umboni wa kuchepa kwake n'kutheratu pomwepo, mwakuti m'mawa mwake palibe amene angawerengetse bwino zimene anagwirira ntchito. Njinga zina zinaperekedwa ndi a Kawasaki, amene ayenera kuti ankadziwa kuti kupatsa n'kuika, ndipo popeza ndalama za ndege panalibe, osewera ena, kuphatikizapo Hugh Keays-Byrne amene anasewera ngati Toecutter, mtsogoleri wa achifwambawo, anakwera njingazo kuchokera ku Sydney mpaka ku Melbourne, mtunda woposa makilomita 850. Ulendowo unawathandiza kuzolowerana ngati gulu, zimene zikusonyeza kuti umphawi ukapatsidwa dzina labwino umasanduka maphunziro.

Khalidwe limene likufunika kulikhalira pansi ndi la kudzionetsera, lomwe pano likutanthauza luso loika chuma chonse cha munthu pa mbali imene anthu akuyang'ana. Apolisi a m'filimuyi amaoneka onse atavala zikopa zakuda zonyezimira, koma chikopa chenicheni chinaperekedwa kwa Mel Gibson, wosewera ngati Max, mnyamata wa zaka 21 amene anali atangomaliza kumene maphunziro a zisudzo ku Sydney, pamene anzakewo anavekedwa vinyl, yomwe ndi pulasitiki yofewa yopangidwa kuti izioneka ngati chikopa kwa munthu amene sanaigwire. Dongosolo limeneli silachilendo kwa aliyense amene anaonapo ukwati umene mkwati wavala suti yogula pamene aperekezi ake avala zobwereka, manja a jekete akulekezera pakati pa mkono. Galimoto yakuda ya Max, imene inali Ford Falcon XB ya 1973, inali ndi chitsulo chachikulu chotumphuka pa boneti chotchedwa supercharger, chomwe ntchito yake ndi kukankhira mpweya wambiri mu injini kuti mphamvu ichuluke, koma pa galimoto imeneyi chitsulocho sichinkakankhira kanthu kalikonse mu injini, chinkangozungulira kuti kamera ione. Anthu a m'mayiko ambiri akhala akuchisirira chitsulo chimenechi kwa zaka zoposa 40, ndipo pamenepa chikufanana ndi makiyi a galimoto amene munthu amaika patebulo m'bala galimotoyo ili pa miyala kunyumba chaka chachiwiri.

Mwini lole imene imagunda Toecutter kumapeto kwa filimu anasonyeza khalidwe losiyana pang'ono, lomwe ndi lobwereketsa chinthu koma mtima utatsalira pa chinthucho. Chifukwa chakuti sankafuna kuti lole yake iwonongeke, opanga filimuwo anamanga chishango chachitsulo kutsogolo kwake n'kujambulapo ndi penti nyali ndi nkhope yonse ya lole, ndipo woonera watcheru amaona bwinobwino kuti chimene chikugunda njingacho ndi chithunzi cha lole chomangiriridwa pa lole. Miller analibe mwayi wotere, popeza munthu sangadziikire malamulo pa katundu wake yemwe, choncho kagalimoto kake ka buluu ka Mazda Bongo ndi kamene kamagundidwa n'kuzungulira pamsewu pa kuthamangitsana koyambirira m'filimuyi.

Ubale wa ojambulawa ndi boma unayenda mwa njira imene maubale ambiri a m'tauni amayendera. Poyamba ankatseka misewu popanda chilolezo, ndipo sankagwiritsa ntchito mawailesi a m'manja olankhulirana chifukwa mawu awo akanalowa m'mawailesi a apolisi, zimene zikanakhala ngati wakuba akuimbira foni mwini nyumba kumuuza nthawi imene afike. Akamaliza kuphwanya galimoto, Miller ndi Kennedy ankatsalira n'kusesa okha magalasi ndi zitsulo pamsewu, ndipo tsache limeneli liyenera kulembedwa m'mbiri ya kanema, chifukwa si kawirikawiri pamene wophwanya lamulo amasiya malo ali oyera kuposa mmene anawapezera. M'kupita kwa masiku apolisi a boma la Victoria anachita chidwi ndi ntchitoyi n'kuyamba kuthandiza kutseka misewu ndi kuperekeza galimotozo, ndipo izi zikugwirizana ndi mfundo yodziwika yakuti chinthu choletsedwa chikangokhala chosangalatsa mokwanira, woletsayo amapempha mpando wakutsogolo.

Kulumikiza zithunzi, komwe ndi ntchito yodula ndi kumata tepi kuti nkhani iyende motsatana, kunachitikira m'nyumba ya mnzawo ku North Melbourne pa makina amene bambo ake a Kennedy, omwe anali injiniya, anakonza okha. Pomaliza Kennedy ankadula mawu pabalaza pamene Miller ankadula zithunzi kukhitchini. Nyimbo zake zinapekedwa ndi Brian May wa ku Australia, amene si Brian May woimba gitala wa gulu la Queen, ngakhale palibe chimene filimuyi inataya pamene anthu ena anasokoneza awiriwa.

Itatuluka, filimuyi inalandiridwa mmene tauni imalandirira mwana wake amene wachita chinthu chaphokoso. Otsutsa ena a kwawo konko anainyoza chifukwa cha nkhanza zake, mayiko a New Zealand ndi Sweden anailetsa, ndipo kampani ya American International Pictures, poitengera ku America mu 1980, inaona kuti Chingerezi cha ku Australia sichingamveke kwa anthu ake, choncho inafufuta mawu a osewerawo n'kuikamo mawu a Aamerika, kutanthauza kuti filimu ya Chingerezi inamasuliridwa m'Chingerezi. Anyamata amene amaika mawu a Chichewa m'mafilimu a nkhondo oonetsedwa m'timashedi ta vidiyo ali ndi chifukwa chomveka kuposa chimenechi, ndipo kawirikawiri amawonjezeramo nthabwala zimene mwini filimu sanaziganize. Ngakhale zinali choncho, Mad Max inapeza madola a ku America oposa 100 miliyoni padziko lonse, n'kukhala kwa zaka pafupifupi 20 filimu yopindula kwambiri poyerekeza ndi ndalama zimene zinalowapo, mpaka The Blair Witch Project inaiposa mu 1999.

Apa ndi pamene khalidwe lomaliza limaonekera, lomwe ndi ubale wobadwa ndi phindu. Msewu waukulu wa katauni ka Clunes, kumene achifwamba a njinga anaimika njinga zawo m'filimuyi, ndi malo oimikapo galimoto a pansi pa University of Melbourne, amene anasanduka garaja ya apolisi, zinakhala malo amene okonda filimuyi amapita kukadzijambulitsa, ndipo n'zachidziwikire kuti chiwerengero cha anthu okumbukira kuti anathandizapo pa ntchitoyi chinakula kuposa makreti a mowa amene anagawidwa. Galimoto yakuda ija, itamaliza kuyendetsedwa m'malo osiyanasiyana potsatsa filimuyi, inaikidwa pamalonda koma wogula sanapezeke, choncho inapatsidwa kwa makaniki amene anagwirapo ntchito, ndipo pamene filimu yachiwiri ya 1981 inkakonzedwa, opanga filimuwo anabwerera kwa makanikiyo kukaigulanso.