Kodi ana a wofera pamsewu amadya chiyani maliro akatha?

Ine sindine loya, za malamulo ndimangomvera kwa odziwa. Koma pali zimene zakhala zikundizunguza mutu, ndiye ndati ndifunse, mwina wina andimasulira.

Munthu akagundidwa ndi galimoto n'kumwalira, mwini galimotoyo amafika pasiwa ndi bokosi, thumba la ufa, shuga, mwinanso mbuzi ya adzukulu. Amagwada pamaso pa mwini mbumba n'kupepesa. Akuluakulu amati, "Ndi ngozi iyi, palibe amene anafuna," nkhani n'kuthera pomwepo. Kodi ufa wa pamalirowo ndiye chipukuta misozi? Ndafunsa chonchi chifukwa lamulo la pamsewu la 1997 limakakamiza galimoto iliyonse kukhala ndi inshulansi, yoti izilipira wovulazidwa kapena osiyidwa. Wapolisi amene anabwera kudzayeza malo a ngozi amazidziwa zimenezi. Mwini galimoto amazidziwanso. Nanga bwanji palibe amene amamunong'oneza namfedwa? Akuti zikatha zaka 3 usanasume, mlandu sungaulowetsenso kukhothi. Mayi amene akadali ndi nsalu yakuda, amene sanayambe waponda pabwalo la milandu, zaka zimenezi aziwerenga bwanji popanda womuuza?

Tinene kuti wamva, wayenda. Pakufunika lipoti la apolisi, chiphaso cha imfa, loya, ndi ndalama ya minibasi yopitira kutauni kobwerezabwereza. Bungwe la Legal Aid Bureau lilipo lothandiza osauka, koma kodi agogo akumudzi amadziwa khomo lake?

Chimene chimandivuta kwambiri ndi masamu a kukhothi. Woweruza amatenga malipiro a malemuyo a pamwezi, n'kuchulukitsa ndi miyezi 12, kenako ndi zaka zimene akuganiza kuti akanakhala akusamalabe banja. Pamenepo amachotsa gawo limodzi mwa magawo atatu, poti limenelo malemuyo akanadya yekha. Mpaka apa ndamva. Koma ngati munthuyo analibe pepala losonyeza malipiro, khothi limatenga malipiro otsikitsitsa amene boma linakhazikitsa, omwe mu February 2024 anakwera kuchoka pa K50,000 kufika pa K90,000. Tsono taganizani za mayi wogulitsa tomato m'mbali mwa msewu wa M1. Amadzuka kusanache, kutunga madzi, kuphikira ana phala, kusenza dengu, madzulo n'kupita kudimba kukathirira. Fizi ya mwana wa kusekondale imachokera m'kansalu kamene amamanga m'chiuno. Risiti alibe. Kodi ntchito zonsezi zimalowa pati m'masamu aja? Amene azitunga madziwo iye atapita, amulipira ndani? Ndipo ngati anthu awiri afera m'minibasi imodzi, wina wa muofesi wina wa kudimba, n'chifukwa chiyani ana a wakudimba, omwe ndiwo alibiretu pogwira, amalandira zochepa?

Palinso nkhani ya amene ayenera kulandira. Lamulo limatchula mkazi, mwamuna, kholo ndi mwana. Koma kwathu kuno mwamuna amalera ana a mlongo wake ngati ake, makamaka akakhala amasiye. Malume akafera pamsewu, ana amenewa saluza wowadyetsa? Nanga ndalama ikatuluka, ndani amaonetsetsa kuti yafika m'manja mwa mkazi ndi ana, osathera kwa achibale amene anayamba kuonekera atamva kuti kukubwera cheke?

Ngakhale khothi ligamule ndalama zambiri, kampani ya inshulansi imalipira mpaka pamene mgwirizano wake unalekezera. Kwa zaka zambiri malire amenewa akhala K5 miliyoni, yotsalayo ukailonjerere wekha kwa mwini galimoto. Mu November 2023 mphamvu ya kwacha inatsika ndi 44 peresenti tsiku limodzi. Mitengo ya feteleza, sopo ndi yunifolomu inakwera osadikira aliyense. Kodi amene amaika malirewo amayamba awerengera kuti mwana wa Sitandade 2 adzafuna zingati mpaka kulemba Fomu 4?

Nanga wogunda munthu akakhala wa kabaza wopanda inshulansi, yemwe njinga yamotoyo ndi yobwereka ndipo kunyumba kwake kulibe ngakhale nkhuku? Nanga woyendetsa akathawa usiku osadziwika? Abale athu a ku Joni amati ku South Africa kuli thumba lotchedwa Road Accident Fund, limene ndalama zake zimachokera ku msonkho wa pa mafuta a galimoto, ndipo limalipira osiyidwa ngakhale wogundayo alibe kanthu. Ifenso pa lita iliyonse ya mafuta timadulidwa ndalama yokonzera misewu. Chingavute n'chiyani kuti pa ndalama yomweyo tipatuleko pang'ono, pothandizira ana amene makolo awo atsala pamisewu imeneyo?