Nthungululu kwa Kachipangizo Kobweza Nthawi

Pa zida zonse zamatsenga zimene alembi anapekapo, palibe chimene chanyozedwa mopanda chilungamo ngati Time-Turner, kachipangizo kobweza nthawi ka m'buku la J.K. Rowling la mu 1999, Harry Potter and the Prisoner of Azkaban. Kukaona sungakaope: kagalasi kowonda m'chiuno ngati mavu, kamchenga m'kati, kolendewera pa tcheni chagolide chovala m'khosi. Ukakatembenuza kamodzi, wabwerera m'mbuyo ola limodzi. Ena amati n'kachabechabe, ena amati n'koopsa, ndipo mwini nthanoyo anachita kukaphwanya kuti kasamusokonezenso. Ine ndikuti amayi akaimbire nthungululu, chifukwa pa aphunzitsi onse a pasukulu ya Hogwarts, ndi kokhaka kamene kanaphunzitsa choonadi chosawitsa: nthawi sapatsana ulere, amachita kukongola, ndipo ngongole yake ndi ya katapila.

Tiyambe ndi kudzichepetsa kwake. Mphamvu yobweza dzuwa ndi imene mafumu akanaigula ndi khola lonse la ng'ombe. Nanga kachipangizoka kanagwira ntchito yanji? Aphunzitsi a McGonagall analemba makalata ku Unduna wa Zamatsenga kuti mtsikana wa m'chaka chachitatu, Hermione Granger, azitha kulowa m'makalasi atatu pa 9 koloko m'mawa womwewo. Limodzi mwa maphunzirowo linali la moyo wa anthu opanda matsenga, chikhalirecho bambo ndi mayi ake omwe ndi anthu oterowo, madokotala a mano. Mayeso ake anakhoza 320 pa 100. Ndiye kuti malamulo a chilengedwe anapindidwa chaka chathunthu kuti mwana aphunzire m'kalasi zimene ankaziona kwawo chibadwire. Chida china chikanadzitukumula n'kufuna maufumu ndi nkhondo. Aka kanavomera ganyu yothamangitsa mwana wasukulu kuti asachedwe belu, osanyinyirika ngakhale tsiku limodzi.

Wotsutsa anganene kuti kanamuzunza mwanayo, ndipo umboni ulipo. Hermione anayamba kugona pamabuku, maso atalemera ndi kutopa, kupsa mtima msanga, mpaka tsiku lina anaphonya phunziro chifukwa cha tulo, ali ndi makina obweza nthawi m'khosi. Komatu apa m'pamene pali ulemerero wake. Wakatapila wabwino ndi amene sabisa chiwongoladzanja. Kachipangizoka kamabweza wotchi ya pakhoma, koma wotchi ya m'thupi sikaikhudza. Ola lililonse lobwereza, thupi limaliwerenga ndithu, ndipo wokongola amabweza ndi tulo, ndi msana, ndi masiku a moyo wake. Akulu anati ichi chakoma ichi chakoma pusi anagwa chagada, koma mwana wanzeru samva mwambi mpaka utamuwawa. Chaka chisanathe Hermione anali atasiya phunziro la kuombeza, ndipo pomaliza anasiyanso lina n'kukabweza kachipangizoko yekha. Ndi mphunzitsi uti wina amene anachititsapo wophunzira wosakhuta mabuku kunena kuti basi, zakwana?

Chitsutso chachikulu n'chakuti ngati kamabwezadi nthawi, kanalekeranji kupulumutsa makolo a Harry, amene anaphedwa ndi mfiti yoipa Voldemort, kapena kupha Voldemortyo ali m'chikuta? Yankho lili pa usiku umene kanatchuka. Hermione anakatembenuza katatu, iye ndi Harry anabwerera maola atatu, napulumutsa mkaidi Sirius Black ndi Buckbeak, chinyama chamutu wa chiwombankhanga ndi matako a kavalo chimene chinaweruzidwa kuti chiphedwe. Koma woyang'anitsitsa amaona kuti Buckbeak sanafepo n'komwe. Nkhwangwa imene awiriwo anaimva poyamba, n'kuyesa kuti yapha Buckbeak, inatema mpanda. Munthu amene Harry anamuona kutsidya kwa nyanja akumupulumutsa, n'kumuyesa bambo ake, anali iye mwini. Peter Pettigrew, wachiwembu amene anathawa usiku womwewo, anathawabe. Kachipangizoka sikanasinthe kalikonse, kanangoperekeza anthu kukachita zimene zinali zitachitika kale, kenaka n'kulandira ulemu wonse. Luso lotere, lodula riboni pa mlatho umene anthu akhala akuwolokapo, anthu amalikwerera maudindo. Ndipo pali mwambo pamenepa: madzi akatayika saoleka, ndipo aka ndi katsenga kokhako kamene kamagwadira mwambiwu m'malo molimbana nawo. Akufa kamawasiya agone.

Otsala ndi amene amati n'koopsa. Amatchula Eloise Mintumble, amene malinga ndi Rowling anayesa ulendo wautali mu 1899, nakakodwa masiku asanu m'chaka cha 1402. Pobwerera thupi lake linali litakalamba zaka 500, anthu 25 anazimiririka ngati sanabadwe, Lachiwiri linatalika masiku awiri ndi theka, Lachinayi n'kutha m'maola anayi. Amatchulanso sewero la mu 2016, Harry Potter and the Cursed Child, m'mene anyamata awiri anabwerera kukapulumutsa ku imfa wophunzira Cedric Diggory n'kupezeka atapanga dziko limene Voldemort akulamulira. Zonsezi n'zoona m'nthanomo, koma mlandu ndi wa yani? Wosenzetsa bulu katundu wa lole asadandaule bulu akagona pamsewu. N'chifukwa chake malire anaikidwa pa maola pafupifupi asanu, ndipo amene anawalumpha analumpha mwa dyera lawo. Katapila sapita pakhomo pa munthu, munthu ndiye amagogoda kwa iye.

Ngakhale imfa yake ndi yopatsa ulemu. M'buku lachisanu, la mu 2003, nkhondo itabuka mu Unduna wa Zamatsenga, kabati yosungira tizipangizoti inagwa n'kusweka, n'kudzikonza, n'kugwanso, n'kuswekanso, osaleka. Ndodo zamatsenga zikathyoka zimangoti zii. Aka kanafa kakuphunzitsabe: ukabwerera pamene unagwa, umakagwanso pomwepo. Choncho aliyense wodandaula kuti tsiku likanakhala ndi maola 30 akanamaliza ntchito zake, avule chipewa pamaso pa kagalasi aka. Kanamuyesera kale zimenezo pa mwana wanzeru kuposa onse m'kalasi mwake, ndipo zimene anapindula ndi tulo ta masana.