Mmisiri amene anathawa miyala

Masana ku Marka, pansi pa mtengo wa masau. Agogo, mmisiri womanga amene pa unyamata wawo anagwirako ku migodi ya ku Joni, akupuma pa mkeka. Mdzukulu wawo wamkazi wabwera kutchuthi kuchokera ku Blantyre.

AGOGO: Mkazi wanga, chifikire maso ali pa foni basi. Muli mwamuna wina m'menemo kodi? Undiuze msanga ndikanole nkhwangwa.

MDZUKULU: Alimo agogo, koma nkhwangwa isiyeni, anamwalira mu 1916. Aphunzitsi atipatsa ntchito yolemba mbiri yake. Dzina lake Fergus Suter.

AGOGO: Mbuzi zonse zija tinagulitsa kuti uzikaphunzira maliro a azungu? Anachita chiyani iyeyo?

MDZUKULU: Ankasewera mpira. Ambiri amati ndiye munthu woyamba kudyera mpira, kulandira malipiro chifukwa chokankha chikopa. Kwawo kunali ku Glasgow, ku Scotland, dziko la Livingstone ndi amishoni a ku Blantyre aja. Anabadwa mu 1857. Pamene Livingstone ankakwera Shire wathuyu mu 1859, iye anali akadali kumsana.

AGOGO: Zimenezo ndamva. Ntchito yake yeniyeni inali chiyani? Munthu sabadwa ndi mpira kuphazi.

MDZUKULU: Apa ndiye mukondwa. Anali mmisiri mnzanu, wosema miyala ndi kumangira.

AGOGO: Ehee! Khala bwino ufotokoze. Munthu waulemu wake ameneyo.

MDZUKULU: Mu 1878 anasiya timu ya kwawo ya Partick n'kupita ku England, ku tauni ya Darwen, kodzaza mafakitale oomba nsalu za thonje. Sipanapite nthawi, zomanga anasiya. Anthu atamufunsa, akuti anayankha kuti miyala ya kumeneko ndi yolimba kwambiri, siyisemeka.

AGOGO: Tabwereza.

MDZUKULU: Miyala inamulimbira.

AGOGO: Ulemu uja ndabweza. Ine ndamanga nyumba kuyambira pa Marka pano mpaka ku Bangula. Ku Welkom ndinaboola thanthwe pansi pa nthaka, thukuta kudzaza m'majombo. Sindinamvepo mmisiri akudandaula kuti mwala walimba. Nanga ukafewa umangira chiyani? Ameneyo anali mlesi.

MDZUKULU: Sunali ulesi agogo, kunali kuphimba anthu m'maso. Ntchito sankagwira, koma ankadya bwino, kuvala bwino. Aliyense ankadziwa kuti a timu akumupatsa kangachepe mobisa.

AGOGO: Mobisa chifukwa chiyani? Ankaba?

MDZUKULU: Eni mpira nthawi imeneyo anali ana a anthu olemera, ophunzira sukulu zodula monga Eton. Iwo ankati mpira ndi wongosangalala, kulandirapo ndalama ndi chinthu chamanyazi. Kenako bungwe lawo la FA linachita kuletseratu.

AGOGO: Wokhuta amalankhula choncho. Munthu wachoka m'fakitale miyendo ili zii, akathyoke mwendo pabwalo, ana ake adye chisangalalo?

MDZUKULU: Ndiye mwayamba kumuikira kumbuyo mlesi uja?

AGOGO: Sindikumuikira kumbuyo, ndikudana ndi enawo. Pitiriza.

MDZUKULU: Mu 1879 anakumana maso ndi maso mu chikho cha FA: Darwen ya anthu a m'mafakitale ndi Old Etonians ya mabwana. Masewero anali ku London. Kutatsala mphindi 15 Darwen inali itamwa zigoli 5, iyo ili ndi chimodzi. Pomaliza zinali 5 kwa 5.

AGOGO: Anayi m'kanthawi kameneko? Anali ndi munthu wawo ameneyo. Goloboyi wa mabwana anamumanga m'maso.

MDZUKULU: Panalibe mankhwala, agogo. Anyamata a ku Scotland anabwera ndi kaseweredwe kena. Angelezi aliyense ankati akaupeza mpira, mutu pansi, kuthamanga nawo yekha mpaka amulande. Iwowa ankapatsirana, uyu kwa uyu, mpira uziyenda wokha.

AGOGO: Zimenezo anaziphunzira ku ntchito kwathu. Njerwa sunyamula imodziimodzi kukwera nayo pamwamba, mumandanda n'kumaponyerana. Ukuona? Nzeru za mpira zinachokera kwa amisiri. Ulembe zimenezo.

MDZUKULU: Aphunzitsi adzandifunsa buku lomwe ndazitenga.

AGOGO: Udzati buku lake lili ku Marka, limadya nsima ya mapira ndi mlamba. Nanga anapambana ndani?

MDZUKULU: Anabwereza, kunali 2 kwa 2. Anabwerezanso, mabwana anapambana 6 kwa 2. Maulendo onsewo a Darwen ndiwo ankapita ku London, anthu a m'tauni mwawo kuchita kusonkha ndalama za sitima.

AGOGO: Olemera khale pakhomo, osauka ndiwo azilipira sitima. Dziko silinasinthe. Ndiye mmisiri wathu anakalambira pomwepo?

MDZUKULU: Ayi. Mu 1880 anasamukira ku Blackburn Rovers, timu yoyandikana nayo, adani awo enieni. Mphekesera zinali zoti kumeneko anamulonjeza zochuluka.

AGOGO: Kuchoka ku Maule kupita ku Manoma! Anatuluka wamoyo?

MDZUKULU: Matimu awiriwo atakumana chaka chomwecho kunabuka ndewu, ochemerera analowa m'bwalo, mpira unathera panjira. Koma ku Blackburn ndi kumene anakolola. Ankasewera kumbuyo, wotchinga. Mu 1882 anafika mu fainolo n'kugonja kwa mabwana omwe aja 1 kwa 0. Kenako chikho anachitenga katatu motsatizana, 1884, 1885 ndi 1886. Ndipo mafainolo awiri oyambawo anagonjetsa Queen's Park, timu ya ku Glasgow.

AGOGO: Ya kwawo?

MDZUKULU: Ya kwawo kwenikweni.

AGOGO: Mwana wopanda mwambo. Kukwapula abale ake kawiri konse, pamaso pa alendo.

MDZUKULU: Mu 1885 a FA anatopa, anavomereza kuti osewera azilipidwa poyera. Ku Scotland anadikira mpaka 1893. Ndiye mukaona osewera a lero akuyenda pa magalimoto odula, njira anailambula ndi anthu ngati iyeyu.

AGOGO: Wamaliza? Tsono tseka foniyo umve. Iwe munthu wotereyu wamuwerenga, ine ndinamuona ndi maso angawa. Ndili ku mgodi, nthawi ya Theba, tinkakwera basi kukaonera Bloemfontein Celtic, ya malaya a mizere yobiriwira ndi yoyera. Pakati pa bwalo panali mnyamata wina, akaugwira mpira bwalo lonse kuimirira. Asotho onse kukuwa, Chirwali! Chirwali! Ife a ku Malawi kumangotsinana, chifukwa tinkamudziwa. Anali Ernest Mtawali, wa Hardware Stars.

MDZUKULU: Mtawali yemwe anaphunzitsapo Flames mu 2015?

AGOGO: Yemweyo. Wako uja anabisa malipiro, wathuyu anabisa dzina. Mu 1985 anamusankha kukhala katswiri woposa onse mu South Africa monse. Sabata imeneyo ku komponi tinkayenda mapewa m'mwamba, ngakhale kapitawo ankatipatsa moni.

MDZUKULU: Dzikolo linali litachotsedwa mu FIFA kuyambira 1976 chifukwa cha tsankho. Wosewera wakunja kupita kumeneko inali nkhani yovuta.

AGOGO: Zaka ndiye umazidziwa, koma njala suidziwa. Munthu ali ndi luso kuphazi, kwawo akumulipira m'manja ndi botolo la Fanta, kwina akumuitana ndi ndalama. Akhale? Ifenso sitinapite ku Joni chifukwa chokonda mdima wa pansi. Mzungu wako uja anali wa Theba mnzathu, kungoti iye mgodi wake unali ndi udzu.

MDZUKULU: Imeneyo ndilemba, agogo, ngakhale buku lake palibe.

AGOGO: Ulembenso kuti Mtawali anayenda, Sundowns, mpaka ku France...

MDZUKULU: Ku Toulouse.

AGOGO: Kumeneko. Koma anadzavala malaya a dziko lake, n'kudzaphunzitsanso ana a kwawo. Wakoyo timu ya dziko lake anaisewerera kangati?

MDZUKULU: Sanaisewerereko. Masiku amenewo a ku Scotland sankatenga osewera amene anapita ku England.

AGOGO: Nanga kumudzi anabwerera?

MDZUKULU: Atasiya mpira anayendetsa malo omwera mowa ku England konko. Anamwalirira ku Blackpool.

AGOGO: Anatchona basi. Mmisiri wathunthu kukathera kutsuka matambula. Koma tandiuza, ana aakazi a Chawinga aja timawamva pa wailesi, nawonso amalipidwa?

MDZUKULU: Kwambiri. Tabitha wasewera ku Sweden, ku China, ku Italy ndi ku France. Temwa ali ku America, ndipo mu 2024 ndiye anamwetsa zigoli zambiri mu ligi yonse ya kumeneko.

AGOGO: Nanga iwe miyendo iwiriyi ndi yokongoletsa? Anzako akumenya mpira n'kumatumiza ndalama, iwe ukulemba za omenya mpira n'kumapempha ndalama. Mbuzi zanga zinalowera kolakwika.

MDZUKULU: Si inu munandikwapula ndili Sitandade 4 mutandipeza ndikusewera chikulunga ndi anyamata ku njanji?

AGOGO: Amene anakukwapula ndi agogo ako aakazi. Ine ndinangothyola kamtengo.

MDZUKULU: Chabwino. Aphunzitsi akufuna kuti pomaliza tinene maganizo athu pa munthuyu. Inu mukuti bwanji?

AGOGO: Lemba kuti mpira ankautha, ndipo malipiro ake anayenera kulandira masana, anthu akuona. Koma nyumba yanga sindikanamupatsa kuti amange.