Mlandu wa mayunitsi ku Mbamba Bay

Ku Mbamba Bay kulibe munthu wogwiritsa ntchito magetsi. Pitani pa mdadada uliwonse wa nyumba za lendi zogawana mita imodzi, mufunse. Aliyense akuuzani kuti ali ndi babu limodzi lokha, nalonso amalizimitsa nkhuku zikangolowa m'khola. Koma mayunitsi ogula Lolemba, pofika Lachinayi mita yayamba kale kulira.

Mita imeneyi kuno amaitcha LUKU. Kampani ya magetsi ya TANESCO sikubweretsera bilu mwezi ukatha. Umalipiriratu pa foni, n'kulandira manambala 20 oti ulowetse. Wina angaganize kuti zikatero mikangano yatha. Ayi ndithu, inangosamuka, kuchoka ku ofesi kubwera pakhonde. Kale chigawo chathu cha Ruvuma chikudalira makina a dizilo, mdima unali ndi mwini wake mmodzi, ndipo tonse tinkatukwana mogwirizana. Chibwerereni nthambo zochokera ku Makambako kufika ku Songea mu 2018, wotukwanidwa ndi woyandikana naye khomo.

Bwalo limakhala madzulo. Ofunsa mafunso ndi aphunzitsi a pamdadadapo, ndipo oyamba kufunsidwa ndi mayi ogulitsa madzi ozizira.

"Mayi, nanga chong'ung'udza usiku wonse m'chipinda mwanu n'chiyani?"

"Aphunzitsi, mundinyoze bwino. Ndi bambo a kunyumba aja, amaliza mkonono."

Bambowo anapita ku Mbinga kukakolola khofi mwezi wapitawo, koma palibe wolimba mtima kunena. Firiji ili phee pakona, yafunditsidwa chitenje, pamwamba pake aikapo maluwa apulasitiki ndi Baibulo. Msodzi naye akukana kwa mtu wa galu kuti satchajapo mabatire a nyale zokopera usipa, chonsecho nthambo yakuda yatulukira pansi pa chitseko chake, yadutsa pakati pa miyendo ya anthu onse. Simbi ndiye ilibe mwini, ngakhale Lamulungu m'mawa mdadada wonse umatuluka makolala ali gwa.

Kenako aphunzitsi avala magalasi, atsegula uthenga wa pa foni ndi kuwerenga mokweza ngati kalata ya Paulo. Msonkho wa VAT, 18 pa 100 iliyonse. Bungwe loyang'anira za magetsi la EWURA, 1. Bungwe lofikitsa magetsi kumidzi la REA, 3. Mpaka apa onse akungogwedeza mitu. Mpungwepungwe umayamba akafika pa msonkho wa nyumba, umene boma linayamba kudulira pa LUKU mu 2021, poyambirapo mashilingi 1,000 pamwezi pa nyumba wamba.

"Bambo, msonkho uwu ndi wanu eni nyumba, si wa ife alendi."

Eni nyumba, amene amamva ndalama yachitsulo ikagwa kuseri kwa bafa, makutu awo amatsekeka nthawi yomweyo. "Mwati bwanji, aphunzitsi? Mphepo ya mwera yandisokoneza khutu ili."

Apa m'pamene pamatuluka mawu amene aliyense pamdadada amawakonda: "Nkhani iyi ndikaifikitsa ku EWURA!"

Chilungamo chake n'chakuti njirayo ilipodi, ndipo ndi yabwino. Munthu amene kampani yamulembera ngongole yomwe iye akuikana, kaya akuti mita inkawerenga molakwika kaya akumuganizira kuti anaiseweretsa, amayamba wadandaula ku kampani komweko. Akapanda kukhutira amalembera EWURA, bungwe limene linayamba ntchito mu 2006. Kumeneko amayesa kaye kuyanjanitsa mbali ziwirizo; zikakanika amamva mlanduwo, mboni ndi mapepala omwe, n'kupereka chigamulo. Woona kuti chamukomera mnzake atha kuchita apilo ku Fair Competition Tribunal. Aphunzitsi amaidziwa njira yonseyi pamtima, ndipo amaitchula akuwerenga zala. Chimene satchula n'chakuti malamulowo analembedwera mkangano wa munthu ndi kampani. Firiji yofunda chitenje mulibemo. Komanso kuopseza n'kokoma kuposa kulemba kalata: umaimirira, umatchula Dodoma, umanena kuti mawa lomwe ukwera basi makilomita 66 a chitunda kupita ku Mbinga, ndipo anthu amakuyang'ana mwaulemu. Mawa lake akupeza pansi pa mtengo wa mango ukuchonga makope.

Choncho apilo yeniyeni imapita kwa a balozi, mkulu wa nyumba khumi. Iwo amafika mochedwa, amalonjera aliyense ndi ana omwe, kenako amatulutsa foni ndi tchaja.

"Mwana wanga, tandibayira pamenepo pamene tikukambirana."

Amamva mbali zonse modekha, tiyi ali m'manja, chifukwa batire lawo limadzaza pang'onopang'ono. Chigamulo chawo sichisintha: aliyense asonkhe molingana ndi mababu ake, mkonono wa bambo aja uwerengedwe ngati mababu atatu, nthambo ya msodzi mababu awiri, ndipo za msonkho wa nyumba tidzakambirana khutu la eni nyumba likapola.

Aphunzitsi akufuna kudziwa kuti munthu wosakhutira ndi chigamulochi apite kuti.

"Mubwere kunyumba Loweruka," akuyankha a balozi uku akuzula tchaja. "Mudzatenge ndi ka simbi kanu kaja, kwathu kuli ukwati."